Matepi akale a vidiyo angadyetse munthu? Yankho kwa m'bale wa ku Kasungu

Kalata yafika kuchokera ku Kasungu. Mwini kalatayo akuti bambo ake, omwe anatisiya, ankajambula vidiyo pa maukwati, pa maliro, pa misonkhano ya ndale ndi ya mpingo kuyambira kumayambiriro kwa zaka za m'ma 1990, ndipo asiya makatoni a matepi a VHS pamodzi ndi timatepi ta MiniDV. Wamva kuti opanga mafilimu a mbiri ndi a zochitika zenizeni, aja amati documentary, amagula zithunzi zakale. Akufunsa ngati imeneyi ingakhale ntchito yodalirika, poyambira pake, komanso momwe mtengo amautchulira.

Achimwene, ntchitoyo ilipo ndithu, ndipo kunja kuli anthu amene amakalamba akuchita yomweyo. Koma dziwani msanga kuti wopanga filimu sagula tepi. Amagula chilolezo chogwiritsa ntchito masekondi angapo a zomwe zili pa tepiyo, ndipo amafuna munthu woti asaine kuti zithunzizi mwini wake ndi uje, zinajambulidwa pamalo pakutipakuti, chaka chakuti. Wailesi ya kanema kapena kampani yoonetsa mafilimu pa intaneti silandira filimu yomwe zithunzi zake zakale zilibe mapepala, ndipo a inshulansi amene amateteza filimuyo ku milandu amafuna kuwaona mapepalawo. Tepi yowala bwino koma yosadziwika mwini, mkonzi amaisirira kenako n'kuisiya.

Mwayi wanu uli pa mbiri ya dziko lino. Television Malawi inayamba kuulutsa mu 1999. Izi zisanachitike, zithunzi zoyenda za Malawi zinkajambulidwa ndi nthambi ya boma yofalitsa nkhani, atolankhani akunja obwera masiku ochepa, amishoni, ndi anthu ngati bambo anu. Kamera ya boma inkatsata Kamuzu, ya mlendo inkatsata njala, othawa nkhondo ya ku Mozambique ndi nyanja. Moyo wamba wa pa Santhe, pa Chamama kapena pa Nkhamenya sunali ndi woujambula. Munthu amene akupanga filimu ya referendamu ya pa 14 Juni 1993 angapeze zithunzi za atsogoleri mosavuta, koma msonkhano wa pabwalo la sukulu ku mudzi, anthu atanyamula nyali kapena akuimbira tambala wakuda, ndi wosowa kwambiri.

Choncho poonera matepiwo musamayang'ane mkwatibwi. Yang'anani zomwe kamera inagwira ili pa ulendo wopita ku tchalitchi: msewu wa M1 usanadzaze, basi pa depoti, sitolo ndi zikwangwani zake, ndalama zomwe anthu ankaponya pa perekaniperekani, nsalu za chipani, ana a Payoniya asanalandidwe zida mu Disembala 1993. Zigafa za fodya, mabalani akufuka utsi, matenanti akumanga mabelo, mzere wa anthu pa ADMARC chaka cha njala cha 2002. Mu tepi ya maola atatu, zogulitsika mwina ndi mphindi ziwiri, ndipo kawirikawiri ndi zija wojambula anajambula poyesa ngati batire ikugwira.

Musanagwire deki, khalani pansi ndi akubanja

Umwini wa ntchito ya luso sufa tsiku lomwe mwini wake waikidwa m'manda. Pansi pa lamulo la Copyright Act la 2016 umapitirira zaka makumi angapo, ndipo umalowa m'chuma cha masiye ngati nyumba kapena ng'ombe. Kusunga makatoni m'chipinda mwanu sikukupangani mwini. Mayi anu ndi abale anu ali ndi gawo, ndiye lembani pepala loti banja lakupatsani mphamvu yopereka zilolezo, ndalama zidzigawidwa motani, onse asaine pamaso pa mboni. Chitani izi pano, matepi akadali katundu wongodzaza malo. Tsiku lomwe dola yoyamba idzalowe, kukambirana kudzavuta.

Kenako patulani matepi omwe si anu n'komwe. Chilichonse chomwe bambo anajambula kuchokera pa TV ndi cha wailesiyo. Chomwe anawatuma ndi bungwe, mpingo kapena kampani, yang'anani ngati panali mgwirizano, ndipo ngati palibe pepala, kapempheni kalata kwa amene anawatumawo. Za maukwati ndi maliro, ngakhale kamera inali ya bambo, nkhope ndi misozi ndi za eni ake. Pamene munthu akuoneka pafupi, akudziwika, ndipo mwambo unali wa banja, pitani mukapemphe chilolezo cholemba. Khamu la anthu pa msika kapena pa msonkhano wa ndale silivuta choncho. Ana, odwala m'chipatala ndi anthu ofooka ndi njala ndiye asamaleni koposa: ambiri a iwo ali moyo, ali pompano pa Kasungu, ndipo filimu ya ku London lero imafika pa foni ya munthu wa ku Wimbe sabata yomweyo.

Nyimbo ndi msampha wina. Ngati pa ukwatipo pankalira nyimbo ya woimba wodziwika, chilolezo chanu sichikhudza nyimboyo. Lembani m'kaundula kuti pamenepa pali nyimbo ya eni, ndipo mu mgwirizano munene kuti kupempha chilolezo cha nyimbo ndi udindo wa wogula. A COSOMA, bungwe loona za umwini wa nyimbo ndi ntchito zina za luso ku Lilongwe, ndiwo oyamba kuwafunsa. Za Gule Wamkulu ndi zolemera kuposa apo. UNESCO inauzindikira mu 2005, ndipo alendo amaufuna kwambiri, koma lamulo lomwelija limaika zachikhalidwe zotere m'manja mwa boma m'malo mwa anthu onse, komanso mudzi uliwonse uli ndi eni dambwe. Gule wovina poyera pa bwalo mungakambirane ndi mfumu ndi akuluakulu. Ngati kamera inalowa komwe siinayenera kulowa, tepi imeneyo siyogulitsa pa mtengo uliwonse.

Kupulumutsa tepi

Tsegulani katoni iliyonse ndi kuyang'ana pa kawindo ka kaseti. Mukaona zoyera ngati ufa kapena ulusi m'mbali mwa tepi yokulungidwayo, chimenecho ndi chuku, chobwera ndi chinyezi cha dzinja. Tepi yotero musaiike mu deki. Chukucho chimamatira ku mahedi, tizipangizo ta mu deki towerenga tepi, n'kupatsira tepi iliyonse yotsatira, ndipo pomwe chamata kwambiri tepi imang'ambika pozungulira. Ikani zoterezo padera, m'chidebe chotseka bwino chokhala ndi timapaketi toyamwa chinyezi, mpaka mutapeza wodziwa kuzitsuka. Zabwinozo ziimikeni chilili ngati mmene mabuku amaimira, pa shelefu, m'chipinda chozizira cha mkati. Pamwamba pa wadiropu pansi pa malata ndi malo oipa kwambiri, ndipo pafupi ndi sipika ndi pachiwiri, chifukwa maginito amafufuta. Thyolani kachidutswa ka pulasitiki kumsana kwa kaseti iliyonse ya VHS, ndipo pa MiniDV kankhirani kabatani ku SAVE, kuti wina asajambulirepo mpira.

Kamera ndi deki za bambo musagulitse, ngakhale zitafa. Madeki a VHS anasiya kupangidwa mu 2016, ndipo zotsala zikutha. Komanso ojambula ambiri ankatchera pa LP, pomwe tepi imayenda pang'onopang'ono, kuti tepi imodzi ikwane mwambo wonse, ndipo tepi ya LP imakonda kuseweredwa bwino pa makina omwe anaijambula. Pa deki ina chithunzi chimanjenjemera kapena mawu amadukaduka.

MiniDV ndi yosavuta chifukwa ndi ya dijito kale. Mumalumikiza kamera ku kompyuta ndi chingwe cha FireWire, n'kukopera zonse monga zilili, pafupifupi 13 GB pa ola. Musadutsire pa zingwe zachikasu, zofiira ndi zoyera zija, mungataye ubwino wa chithunzi pachabe, komanso mungataye tsiku ndi nthawi zomwe kamera inalemba mkati mwa tepi ngati wotchi yake inali yotcheredwa. Malaputopu a masiku ano alibe polowetsa FireWire, ndiye pezani kompyuta ya pa desiki yakale muikemo kadi yake.

VHS ndi imene imafuna ndalama ndi kuleza mtima. Pamafunika deki yabwino, makamaka ya S-VHS, ndi chipangizo chotchedwa TBC chomwe chimawongola chithunzi chisanalowe m'kompyuta. Popanda chimenecho mizere yoongoka imapindika, ndipo kompyuta imadumpha mafelemu, kenako pofika ola lachiwiri milomo ikuyenda payokha mawu akubwera pambuyo. Timakina totchipa ta USB togulitsidwa m'mashopu a mafoni timachita zomwezo. N'tothandiza pongofuna kuona zomwe zili pa tepi, koma osati potulutsa fayilo yogulitsa. Kopani pa muyezo wa PAL womwe matepi akuno anajambulidwira, 720 ndi 576, mafelemu 25 pa sekondi, mu mtundu wa fayilo wotchedwa ProRes 422 HQ kapena FFV1. Ndipo fayilo yoyambayo muisiye momwe yatulukira: osaidula m'mbali kuti idzaze sikirini yotakata, osaisalaza, osaikuza ndi mapulogalamu a AI. Wogula ali ndi akatswiri ake ochita zimenezo, ndipo akalandira nkhope zosalala ngati zidole amabweza.

Chithunzi chikayamba kuchita chipale pakati pa tepi, kawirikawiri ndi mahedi ada. Zimitsani, tsegulani deki, nyowetsani kapepala koyera ndi spiriti wotsukira wa isopropyl wa 99 peresenti, kagunditseni pang'ono pa dramu, chitsulo chozungulira chomwe pali mahedi, n'kuizungulitsa ndi chala. Osapukuta chokweza ndi chotsitsa, hedi imathyoka. Thonje limakola, ndipo spiriti wofiirira wa m'golosale amasiya zotsalira.

Werengerani nthawi ndi malo. Tepi ya E-180 ndi maola atatu, ndipo kuikopa ndi maola atatu omwewo, mutakhala pompo mukuonera. Magetsi akathima pakati, tepi imatsekeredwa mu deki ndipo fayilo imawonongeka, choncho UPS kapena inveta ndi gawo la zida. Pa 30 GB pa ola, matepi 100 odzaza ndi 9 TB, ndipo fayilo iliyonse imayenera kukhala pa ma hard drive awiri pakhomo ndi lachitatu kwina, kwa m'bale ku Lilongwe kapena ku Mchinji. N'chifukwa chake si nzeru kukopa zonse nthawi imodzi. Yambani ndi matepi akale kwambiri ndi a zochitika za dziko. Ndipo pomwe pali tepi ya mu kamera ndi ina yokonzedwa kale, ya maluwa ozungulira ndi nyimbo pamwamba, tengani ya mu kamera. Matepi enieniwo musataye mukamaliza.

Mukakumana ndi filimu yeniyeni ya pa mkombero, 8mm kapena 16mm, monga zimapezeka m'maparishi akale ndi m'mabanja a eni maesiteti, musaiike pa pulojekita. Filimu yakale imafota, ndipo mano a pulojekita amang'amba timabowo ta m'mbali. Ikamanunkha viniga ndiye kuti yayamba kuwola, ipatuleni kwa zinzake. Imeneyo imafuna sikana ya akatswiri, ndipo nthawi zambiri wogula amene waifunitsitsa ndi amene amalipira.

Kaundula ndiye sitolo yanu

Wofufuza wa ku Johannesburg kapena ku Berlin alibe nthawi yoonera maola 300. Amatumiza uthenga woti akufuna fodya wa ku Malawi wa m'ma 1990, anthu akugwira ntchito, ndipo amafuna yankho mawa. Amene amayankha mawa ndi amene ali ndi kaundula. Patsani tepi iliyonse nambala, monga KU-0047, ilembeni pa kaseti, pa chikuto chake ndi pa dzina la fayilo. Kenako mu Excel, mzere uliwonse ukhale chithunzi chimodzi: nambala ya tepi, poyambira ndi pothera, malo, tsiku, zomwe zikuoneka, mawu, ndi za umwini. Mzere wabwino umaoneka chonchi: KU-0047, 00:14:20 mpaka 00:15:05, mzere wa amayi ndi matumba pa msika wa ADMARC, Santhe, Febuluwale 2002, kamera yakhazikika, mawu a pamalopo, palibe nyimbo, palibe nkhope yapafupi. Lembani m'Chichewa ndi m'Chingerezi, poti ogula ambiri amafufuza m'Chingerezi.

Chovuta ndi tsiku. Zolemba pa kaseti zimanama, chifukwa matepi ankajambulidwa kawiri katatu. Onerani pamodzi ndi mayi anu ndi anyamata omwe ankanyamulira bambo magetsi ndi zingwe, akadalipo. Kalendala ya pakhoma, nkhope ya pa ndalama, nsalu ya chipani, nambala ya galimoto, zonsezi zimathandiza. Pomwe simukutsimikiza lembani kuti "pakati pa 1995 ndi 1997". Kungotchula chaka kuti musangalatse wogula n'koopsa: filimu ikatuluka, wina wa pa Mtunthama n'kunena kuti nyumba iyo inamangidwa pambuyo pake, dzina lanu latha pa msika womwe anthu ake ndi ochepa ndipo amadziwana.

Mtengo ndi mgwirizano

Malonda amayenda motere. Wogula akasonyeza chidwi, mumamutumizira screener, fayilo yaing'ono yosawala kwambiri, yokhala ndi dzina lanu pakati pa chithunzi ndi manambala a timecode, osonyeza ola, mphindi ndi sekondi, akuyenda pansi. Pa ntchito yofufuza ndi kukonza fayiloyi mukhoza kulipiritsa kandalama kapadera. Iye amakonza filimu yake ndi screener imeneyo, mwina miyezi ingapo. Akatseka, amakutumizirani mndandanda wa masekondi omwe alowadi. Mumalemba invoisi, amasaina mgwirizano, amalipira, ndipo pamenepo m'pomwe mumatumiza fayilo yoyera ya zidutswa zokhazo, mutawonjezera masekondi angapo kutsogolo ndi kumbuyo. Mukatumiza yoyera ndalama isanalowe, mwatsala opanda chogwirira.

Mtengo umawerengedwa pa sekondi, ndipo umakwera kapena kutsika potengera zinthu zitatu: filimu ionetsedwa kuti, pa njira ziti, kwa zaka zingati. TV ya dziko limodzi kwa zaka zisanu ndi yotsika. Dziko lonse lapansi, njira zonse, mpaka kalekale, ndi yokwera, ndipo makampani akuluakulu oonetsa pa intaneti amakonda imeneyi. Nyumba zazikulu zosunga zithunzi kunja zimatchula madola makumi angapo pa sekondi, nthawi zina kupitirira 100 pa chilolezo chachikulucho, ndipo zambiri zimaika malire oti ngakhale mutenge masekondi 8, mulipira a 30. Inunso ikani malire otero. Tiyerekeze kuti mwagwirizana madola 20 pa sekondi ndipo alowetsa masekondi 45: ndi madola 900. Zikumveka bwino, koma kumbukirani kuti wotsatira akhoza kubwera patatha miyezi isanu. Kwa wophunzira wa ku yunivesite kapena wopanga filimu wa konkuno, tsitsani mtengo, koma pepala likhalepo.

Chilolezo chili ngati kuchititsa lendi munda: wina alima chaka chino, munda ukadali wanu, chaka chamawa mubwereketsa wina. Ndiye mu mgwirizano mulembe dzina la filimu imodzi yokhayo, kuti chilolezocho sichikuletsani kugulitsa kwa ena, kuti wogula sangagulitse zithunzizo kwa munthu wachitatu, ndi momwe dzina la bambo lidzalembedwere kumapeto kwa filimu. Onjezerani mzere woletsa kugwiritsa ntchito nkhope ya munthu pa nkhani yomwe siikumukhudza, mwachitsanzo kuika amayi a pa chinkhoswe pansi pa mawu onena za matenda. Wina akabwera ndi ndalama yooneka yambiri kuti agule makatoni onse ndi umwini womwe, kanani, kapena mupeze loya kaye. Lembetsani dzina la bizinesi ku ofesi ya boma yolembetsa mabizinesi, tengani nambala ya msonkho ku MRA, ndipo funsani banki yanu za kalandiridwe ka ndalama zakunja, mugwirizane ndi wogula kuti zolipira za banki ndi za yani.

Kuti anthu akupezeni, ikani tizidutswa ta masekondi 30 mpaka 60 pa YouTube kapena Facebook, tokhala ndi dzina lanu pakati, mutu wake wonena malo ndi chaka momveka. Mukhozanso kupereka zithunzi kwa makampani ogulitsa m'malo mwa eni, monga Pond5 kapena Getty Images. Iwo amatenga gawo lalikulu ndithu la ndalama, ndiye werengani ngati akukumangani kuti musagulitse kwina, ndiponso ngati njira yawo yolipirira imafika kuno.

Matepi a nyumba imodzi paokha sangakulipireni lendi mwezi ndi mwezi. Amene amakhazikika pa ntchitoyi amachita zinthu zina ziwiri. Choyamba, amasonkhanitsa za ena: boma lililonse linali ndi ojambula ake a maukwati, ndipo makatoni awo akudyedwa ndi chuku pano. Mumagwirizana nawo kuti inu mukopa, mulemba kaundula, mugulitsa, ndipo mugawana. Kukopera mabanja matepi awo pa mtengo ndi komwe kumabweretsa ya sopo pakadali pano.

Chachiwiri ndi kukhala wofufuza wolipidwa pa tsiku, amene opanga filimu amamutuma kupeza zithunzi kulikonse komwe zili ndi kulondola eni ake. Apa m'pofunika kudziwa makomo: National Archives of Malawi ku Zomba, MBC ku Blantyre, unduna wofalitsa nkhani, laibulale ya Society of Malawi ku Mandala. Za nthawi ya atsamunda zambiri zili kunja. Central African Film Unit, yomwe inkajambula mu Nyasaland ndi ma Rhodesia awiri kuyambira 1948 mpaka 1963, inali ku Salisbury, komwe lero ndi Harare, ndipo mafilimu ake amafunsidwa ku National Archives of Zimbabwe ku Harare. British Pathé ndi AP Archive ali ndi nkhani za masiku a Federation ndi za ufulu wa 1964, ndipo za asilikali a King's African Rifles mumayambira ku Imperial War Museums. Zambiri mwa izi zimaoneka ulere pa intaneti, koma kuziika mu filimu n'kolipira.

M'makaundula amenewo mukalemba Mchinji simupeza kanthu, lembani Fort Manning. Chipata ndi Fort Jameson, Mangochi ndi Fort Johnston, Nsanje ndi Port Herald, Chitipa ndi Fort Hill, Nkhotakota ndi Kota Kota, Thyolo ndi Cholo. Ndipo olemba makaundulawo sankadziwa malo athu, moti filimu yongolembedwa kuti "Nyasaland tobacco" ikhoza kukhala ya ku Kasungu, ya ku Lilongwe kapena ya ku Zomba. Munthu wotha kuyang'ana phiri lomwe lili kumbuyo kwa chithunzi, kumva chinenero cha nyimbo ya olimawo, n'kunena kuti apa ndi pakutipakuti, ndi amene wopanga filimu amamulipira pa tsiku, ngakhale alibe tepi ndi imodzi yomwe.